Mtovu M'magazi a Kachiwala

Lolemba, 4 Ogasiti

Mapepala a buku lachitatu afika kuchokera kwa mkonzi. Mtolo umodzi, womanga ndi labala. Akuti ndiwerenge komaliza, ndichonge zolakwika, ndibweze pasanathe masabata awiri. Za chikuto sanandifunse n'komwe. Kamwana kali khale pa mulu wa mabatire akale a galimoto, maso ali tuzu. Mwana wa eni, sindikumudziwa.

Zaka zinayi ndikuzungulira m'makwalala a kuseri kwa depoti ya mabasi. Kutapa dothi m'timabotolo, kubaya ana pachala, kufunsa amayi awo mafunso omwewomwewo mpaka ena kumanditsekera chitseko ndisanapereke moni. Zonsezo zakwana m'kamtolo konyamula ndi dzanja limodzi.

Buku la utsi wa m'khitchini linali lonenepa kuposa ili. La madzi a m'zitsime linali lowonda, koma ndi limene linanditukwanitsa kwambiri. Zitsime za pafupi ndi mtaya wa zinyalala atazitseka, amayi anayamba kukatunga kutali, ndipo ndinkatchulidwa njira yonse, osati m'pemphero. Ili la mtovu kaya lindibweretsera zotani.

Lamlungu kwa mlongo wanga Mzime. Mwana wake, Kachiwala, akukwanitsa zaka zisanu. Ndimugulira nsapato zofiira zimene anaziloza pawindo la sitolo. Mtengo wake osayamba, koma mwana ndi mmodzi yemweyu.

Lachinayi, 7 Ogasiti

Kalasi ya a chaka chomaliza, phunziro la zaumoyo ndi chilengedwe. Theka akugona, theka ali pa foni pansi pa desiki. Mmodzi wakweza dzanja: "Amayi, mabuku anuwa anasinthapo chiyani?" Osati mwamwano, amafunadi kudziwa. Ndati munthu wofufuza ali ngati tambala, ntchito yake ndi kulira, kudzuka n'kwa eni nyumba. Aseka. Ine sindinakhutire nalo yankho langalo.

Nsapato ndagula. Mwezi uno nyama tiiwale.

Kwa Mzime ndatha miyezi itatu osapondako. Ulendo watha tinasiyana moipa chifukwa cha ntchito yake ija. Amakhala tsidya lina la tauni, kunja kwa dera la kafukufuku wanga, ndiye amati ndilibe nazo gawo. Lamlungu ndikatseke pakamwa. Ndi tsiku la mwana.

Lamlungu, 10 Ogasiti

Ndabwerako mtima uli m'mwamba. Pakamwa sindinatseke.

Mzime imvi zayamba, koma kwa ine akadali mzime wa amayi, amene ndinkamubereka kumbuyo. Chigwere kampani ya malole, iye n'kusiya udalaivala, ntchito yake ndi imeneyi: kuswa mabatire akale kuseri kwa nyumba. Nkhwangwa, chidebe cha asidi, chimphika chachitsulo pa makala. Mtovu ukasungunuka amathira m'zikombole, ukauma n'kukagulitsa kwa a zitsulo zakale. Utsi wake wotsekemera pakhosi. Fumbi lotuwa pazenera, pa chingwe choyanikapo zovala, pa ndiwo zamasamba za mlamu.

Ndendende mutu wachiwiri wa buku langa. Ndinamuuza chaka chatha, ndinamuuza pa maliro a amalume, ndamuuzanso lero. Yankho lake, akuseka: "Achemwali, mabuku anu ndi abwino, koma mapepala sitiphika." Kenako: "Ine ndaugwira mtovu chaka chonse, ndafa?"

Koma mwanayo. Tinamutcha Kachiwala chifukwa sayenda, amalumpha. Geti likangolira amakhala wafika kale m'khosi mwanga. Lero ndamupeza ali gone pamphasa pakhonde, dzanja pamimba. Nsapato wavala imodzi, n'kugona tulo. M'maso mwayera, nkhama zayera.

Mlamu, ndi pakati pake pa miyezi isanu ndi umodzi, wandinong'oneza tikutsuka mbale: masiku angapo mwana osachita chimbudzi, kusanza m'mawa, dzana analuma mwana wa aneba. Mwana woti sanathamangitsepo ngakhale nkhuku. Mzime akuti ndi njoka za m'mimba, wagula kale mankhwala pa golosale.

Potuluka ndaona nyumba ya zidole zake. Chibokosi cha batire, chija chamagawomagawo. Chipinda chogona, khitchini, bafa. Anakonza bwino, mwana wanzeru.

Lachiwiri, 12 Ogasiti

Mutu wachisanu: zizindikiro mwa ana. Kupweteka m'mimba, kudzimbidwa, kusanza, kuchepa magazi, ukali wachilendo, tulo tosatha. Ndinalemba ndine, ndi manja angawa, ndikumwa tiyi. Lero ndawerenga kawiri, cholembera chili m'manja, osapeza cholakwika ngakhale chimodzi. Ndikanakonda chitapezeka.

Ndamuimbira Mzime kuti abwere naye tidzamuyeze magazi. Kubaya pachala basi, kanthawi kochepa. Akuti: "Mwana wanga si nambala ya m'buku mwanu." N'kudula foni.

Ana a anthu osawadziwa ndawabaya mazanamazana. Wa mlongo wanga ndiye ndikuchita kupempha ngati mchere.

Lachinayi, 14 Ogasiti

Mlamu wabwera yekha ku ofesi m'mawa, mwana kumbuyo, mimba kutsogolo, thukuta lili kamukamu. Wanamiza mwamuna wake kuti akupita kusikelo. "Alamu, kaya andikalipira kaya andithamangitsa, muyezeni."

Ndamusambitsa m'manja ndi sopo ndekha, kuti fumbi la pakhungu lisatinamize. Wa ku labotale wabaya. Mwana osalira. Kungoyang'ana chala chake ngati cha munthu wina. Bola akanalira.

Kamakina kathu kali ndi malire. Mtovu ukachulukitsa sikalembanso nambala, kamangoti wapitirira. M'zaka zonse za kafukufukuyu ndaziona kangapo kokha. Tasambitsanso, tabaya chala china. Chimodzimodzi. Wa ku labotale wangovula magolovesi n'kutuluka panja, osandiyang'ana.

Mlamu tamuyezanso. Nayenso wokwera, ngakhale osafika pa mwanayo. Ndafunsa zimene amadya. Wazyolika. Mimbayi imamupatsa chilakolako cha dothi, ndiye amabenthula la pa kachulu ka kuseri kwa nyumba. Kuseri komweko, pafupi ndi chimphika.

Pa desiki sindinabwererepo. Molunjika kuchipatala, onse awiri m'galimoto. Panjira Kachiwala wadzuka n'kufunsa ngati azakhali abweretsanso keke. Ndati inde, mayi wanga, ukachira. Wagonanso.

Lachisanu, 15 Ogasiti

Wodi ya ana. Mabedi othinana, amayi ayala nsalu pansi. Dokotala wa ana ndinamuphunzitsa ndine, kale akadali ndi ziphuphu. Wandilandira ndi manja awiri, koma maso akuthawa. Mankhwala otulutsa mtovu m'thupi mulibe m'chipatala chonse. M'mafamase a m'tauni mulibenso. Akuti aitanitsidwe kunja kwa dziko, mwina sabata. Pakali pano diripi, mankhwala otsuka m'mimba, kudikira.

Mutu womaliza wa buku langa ukupempha chimenechi, kuti zipatala zizisunga mankhwalawa. Ndinalemba mwaulemu, ati kungakhale kothandiza. Kungakhale kothandiza!

Foni tsiku lonse, kwa aliyense amene ndinakhalapo naye pa msonkhano. Onse achisoni, onse tiona. Mmodzi yekha, mnzanga wakale wa kuyunivesite amene ali kunja, wati atumiza pa ndege ndikalipira. Galimoto yangayi ipite basi. Wa garaja anaifuna kalekale.

Mzime wafika masana, ovolosi ili pathupi, fumbi lotuwa mpaka m'nsidze. Ndamuletsa pakhomo la wodi kuti ayambe wasamba ndi kusintha zovala. Pamaso pa anamwino. Ndinayenera kutero, komabe nkhope yake ija. Sanakalipe. Wangoti motsitsa: "Mwandibera mwana, tsopano mukundithamangitsanso."

Lolemba, 18 Ogasiti

M'mawa, nthawi ya phala. Mlamu akumudyetsa, ine ndikupinda bulangeti. Supuni yagwa. Maso atembenuzika, thupi lonse gwa, kenako kuphupha, bedi kuchita kulira. Thovu kukamwa. Ndamugoneka cham'mbali monga ndimaphunzitsira. Manja amadziwa okha, mutu unali utaima. Jakisoni woyamba sanagwire. Wachiwiri. Mlamu akukuwa dzina lake lenileni, lija la ubatizo, loti palibe amamuitana nalo.

Amutengera ku chipinda cha odwala mwakayakaya. Sanadzuke.

Sindingathe kulemba.

Lachinayi, 21 Ogasiti

Mankhwala afika dzulo. Kabokosi kakang'ono, kopepuka ngati mulibe kanthu. Galimoto yonse ija. Ayamba kumupatsa kudzera m'diripi. Akadali chikomokere. Timapaipi m'mphuno. Ubongo watupa, akutero dokotala.

Ndikuyenda pa minibasi tsopano. Maondo akudandaula.

Timaloledwa kulowa mmodzimmodzi. Pa benchi ya pakhonde, Mzime mbali iyi, ine mbali iyo, mlamu pakati ngati mpanda. Mzime wasamba, wavala shati yake ya kutchalitchi. Osadya. Ndamupatsira nthochi kudzera kwa mlamu, wabweza. Atatuluka kokaona mwana anaima patsogolo panga, milomo ikunjenjemera. Ndimayesa alira, ndinayamba kale kutambasula manja. "Mwapeza mutu wina wa buku lanu," anatero. N'kupita.

Ndikudziwa ndi ululu ukulankhula. Kudziwako sikukuzula munga.

Loweruka, 23 Ogasiti

Palibe kusintha.

Pa benchi paja maganizo apita kwa amayi. Kakhitchini kopanda zenera, denga lakuda bii ndi mwaye, iwo akutsokomola chiweramire. Sanasutepo fodya moyo wawo wonse, koma dokotala ataona chithunzi cha mapapo anafunsa kuti amasuta ndudu zingati patsiku. Funso limenelo ndi limene linandilowetsa ntchito imeneyi. Buku la utsi ndinalemba iwo atagona kale. Linapata mphoto, ndinakwera ndege koyamba, anandijambula ndi akuluakulu. Amayi sanalione. Akanaliona akanati ndiwayalire pa shelefu, mapepala ake ndi olimba.

Nthawi imene amayi ankadwala, Mzime anali pa sukulu. Kumuchapira ine, kumulipirira ine, kukamutenga ku mpira ndi chikoti ine.

Pa ukwati wake azakhali athu ananena anthu akumva: "Uyu musamudikire, ana ake ndi mabuku." Anthu anaseka, nanenso ndinaseka. Kenako kunabadwa Kachiwala. Tsiku loyamba kuyesa kunena azakhali, anati aukali. Mzime anaseka mpaka misozi, ati mwana sanama.

Lachiwiri, 26 Ogasiti

Watsegula maso! Masana, namwino akumutembenuza. Wayang'ana denga, wayang'ana mayi ake. Walira, kamawu kosasa ngati ka mwana wa mphaka. Mlamu wagwada pa simenti ndi mimba yakeyo. Mzime walowa osapempha, palibe wamuletsa.

Sakulankhula. Mwendo wamanzere wofooka. Dokotala wandikokera pambali: moyo wapulumuka, zinazo tidikire. Tonse awiri tikudziwa tanthauzo la zinazo. Ndinamulembetsa mayeso pa zimenezi, anakhoza bwino.

Komabe lero ndadya.

Lachisanu, 29 Ogasiti

Ndapita kunyumba kwa Mzime kukatenga zovala za mlamu ndi dothi loti tiyeze. Ndisanakhote pa ngodya, fungo lija. Moto ukuyaka. Mnzake wa Mzime ali pa chimphika, akutakasa. Ana a aneba ali pa mpanda kuonerera, wina chala chili m'kamwa.

Ndabwerera kuchipatala. Mzime ndamupeza pa mpopi wa panja. Akuti nanga chakudya cha kuchipatala, lendi, matewera a amene akubwerayo, zichokera kuti? Ndati ndithandiza. "Ndi chiyani? Galimoto si munagulitsa?" Zoona zake.

Ndamuuza maso ndi maso, kuti asadzamve kwa ena: moto ukapanda kuzima, Lolemba ndikukanena ku ofesi ya zachilengedwe. Yankho lake: "Mukatero, mlongo mulibe."

Amati chibale ndi fupa, sichiola. Mtovu nawonso umakakhala m'mafupa momwemo, zaka ndi zaka.

Lolemba, 1 Seputembala

Moto sunazime. Ndadutsako m'mawa kukaona ndi maso anga, ndikupemphera kuti ndipeze phulusa.

Ku ofesi ya zachilengedwe. Chipinda cha pamwamba, masitepe osatha. Wogwira ntchitoyo wandizindikira, waimirira, wapukuta mpando ndi mpango wake. Buku langa la zitsime lili pawindo, ndi limene likugwira zenera kuti mphepo isatseke. Likugwirako ntchito.

Ndalongosola malo: msewu, mtundu wa geti, mtengo wa pakhomo. Wafunsa ngati mwini wake ndikumudziwa. Ndati ndi mlongo wanga, bere limodzi. Cholembera chinaima. "Amayi, mwaganiza bwino?" Ndati lembani.

Potsika masitepe ndakhala pansi pakatikati. Wosesa wandifunsa ngati ndi shuga.

Lachitatu, 3 Seputembala

Atseka. Anabwera ndi apolisi ndi lole, zimene sindinapemphe. Atenga chimphika, zikombole, mabatire onse, ndi nkhwangwa yomwe. Dothi ndiye alisiya, akuti ndalama zokumbira chaka chino palibe. Chiphe chenichenicho chatsala pomwepo, nkhuku zikupalasa.

Malo ena oswera mabatire a mumsewu womwewo atsekanso. Mayi wina wanditumizira mawu kudzera kwa mlamu: ndikadzapondanso kumeneko adzandithira asidi. Ndi mayi wa mwana wa chala m'kamwa uja.

Mkonzi waimba, mapepala achedwa. Wamva za mwana, wapepesa bwinobwino. Kenako: bwanji ndilembe mawu oyamba atsopano, za mwana wa mlongo wanga, ndi kachithunzi komwe? "Anthu sagula manambala, amagula misozi." Ndakana. Chikundiwawa n'chakuti asanamalize kulankhula, mutu wanga unali utapanga kale chiganizo choyamba. Chinali chabwino.

Mapepala ndatumiza monga analili.

Lamlungu, 14 Seputembala

Atuluka Lachisanu. Kwawo sangabwerere, ndiye ali kuno, mwana ndi mayi ake. Chipinda changa cholemberamo chasanduka chogona. Mabuku m'makatoni pabalaza, desiki pakhonde, yofunda pulasitiki. Zaka zonsezi nyumba ili zii. Lero pachingwe pali matewera a mwana wa zaka zisanu.

Makapisozi ake amanunkha mazira owola. Kutsegula, kusakaniza ndi jamu, kunyengerera. Amalavula. Timayambanso.

Akuyenda, koma mwendo wamanzere akuukhwekhwereza. Mawu atsala ochepa: amayi, madzi, ayi. Ine sakunditchula chilichonse. Amandigwira chala n'kundikokera kumene akufuna. Ketulo ikaimba amatseka makutu n'kukuwa mpaka kusanza. Madzi tikuwiritsa m'poto tsopano.

Zilembo za dzina lake ankazidziwa zonse. Ndamupatsa choko. Waika m'kamwa.

Mzime amabwera tsiku lililonse dzuwa lisanalowe, koma salowa. Amaima pa geti, mlamu amatulutsa mwana, amamunyamula pomwepo. Amasiya kajumbo: buledi, nthawi zina sopo. Akuti akunyamulira anthu katundu kumsika. Ine ndimasuzumira pa katani ngati wakuba, m'nyumba mwanga momwe.

Lachisanu, 26 Seputembala

Mwambo wokhazikitsa buku. Holo ya hotela, nsalu zoyera pa matebulo, madzi a m'mabotolo. Wamkulu wina wa ku unduna wafika mochedwa, walankhula nthawi yaitali, mtovu akuutcha mkuwa. Walonjeza komiti. Anthu awomba m'manja. Anditcha mayi wa ana a dziko lino. Ndinalakalaka nthaka itang'ambika.

Ndawerenga ndime imene anandisankhira. Mawu anatuluka bwinobwino, ngati pa wailesi. Ndasainira mabuku mpaka dzanja kuwawa. Ogula onse ndi oti ana awo amasewera pa kapinga.

Mtolankhani wina wamkazi wafunsa: mabanja amene atsekeredwa malo awo azidya chiyani? Ndayankha zimene timayankha, zoti pakufunika ndondomeko. Anthu agwedeza mitu. Iye sanalembe.

Pofika kunyumba, mlamu ali pansi m'bafa, wakumbatira mwana kuti asamenyetsenso mutu kukhoma. Pachipumi chotupa ngati dzira. Chimene chinayambitsa palibe akudziwa. Ndavula nsapato za mwambo, ndakhala nawo pa simenti pomwepo. Maluwa amene anandipatsa ku mwambo ndawaiwala m'minibasi.

Lachiwiri, 30 Seputembala

Aphunzitsi a Kachiwala a ku sukulu ya mkaka abwera kudzamuona. Mayi wonenepa, wosekaseka, wanyamula chipepala chimene anzake ajambulapo manja awo. Kachiwala wabisala kuseri kwa katoni. Osawazindikira.

Akuti ndiye ankatsogolera nyimbo m'mawa, mwina mpaka kuwakonza iwowo akaphonya. Ayesa kuimba motsitsa nyimbo yawo yolowera m'kalasi. Kuseri kwa katoni kwamveka kadzanja kakugogoda, pang'ono, kotsalira m'mbuyo, koma kakutsata. Aimba mpaka kumapeto, n'kuyambiranso.

Powaperekeza pa geti kuseka konse kwatha. Afunsa ngati amusungire malo teremu ya mawa. Ndati sungani. Ndanena ngati azakhali, osati ngati wofufuza.

Lachinayi, 9 Okutobala

Mlamu wachira Lolemba, masiku asanakwane. Mwamuna. Kakang'ono, kokwana m'manja awiri, koma kakuyamwa. Magazi a pamchombo ndinapempha ayeze. Mtovu ulimo. Munthu asanaponde n'komwe dothi la dziko lino. Wochepa poyerekeza ndi wa mlongo wake. Ndagwira pamenepo.

Wa Kachiwala wakweranso. Ndinkadziwa: umatuluka m'mafupa n'kubwerera m'magazi. Mankhwala ulendo wachiwiri. Mnzanga wa kunja uja wati ulendo uno ndisalipire. Ndalira pa foni, nkhalamba yonseyi.

Masiku ano ndili naye ndekha. Ku ofesi ndatenga tchuthi. Abwana akuti opereka ndalama za kafukufuku akufunsa za buku lachinayi, la mankhwala opopera mbewu. Afunse. Dzulo Kachiwala wandilola kumupesa tsitsi mpaka kumaliza, osakuwa. Lero wandiluma pamkono.

Mlamu akuti Mzime akukumba. Yekha, ndi fosholo ndi wilibala yobwereka, m'mawa asanapite kumsika. Akupala dothi la pabwalo lonse n'kumathira m'matumba. Palibe wamuuza. Ayenera kuyamba wathira madzi kuti fumbi lisauluke, ndi kuvala chophimba pamphuno. Ndapereka uthengawo ndi zophimbazo kwa mlamu, ndati asanene kuti zachokera kwa ine. Ngati kuti angaganizire wina.

Loweruka, 18 Okutobala

Walowa.

Masana ano. Geti lalira, ndimayesa wowerenga mita ya madzi. Ndatuluka, ndi Mzime, wafika kale pa sitepe. Wawonda, malaya akuchita kulendewera. Wavula nsapato n'kuzisiya kutali ndi khomo, wakasamba m'manja pa mpopi osauzidwa.

Popereka moni ndaona dzanja. Lamanja. Lalendewera pa mfundo ngati tsamba lofota, zala sizikudzuka. Waona kuti ndaona. "Layamba sabata yatha. Fosholo ikumandipulumuka." Mtovu umatero mwa akuluakulu. Ndati Lolemba tikayeze magazi. Wangogwedeza mutu, osatsutsa.

M'khwapa anali ndi kajumbo. Osati buledi. Buku langa. Wagula yekha ku sitolo ya mabuku, pamene m'katoni muno muli ambirimbiri aulere. Akuti wayesa kuwerenga, koma chilankhulo chake n'cha m'maofesi, chikumupweteketsa mutu. Waliika pa tebulo, walikankhira kwa ine ndi dzanja lamanzere.

"Achemwali, mundiwerengere pamene mwalemba za ana amene anachira. Amene anabwerera kusukulu n'kukhala bwinobwino ngati kale. Pokhapo basi."

Ndatsegula. Ndatembenuza masamba, kutsogolo, kumbuyo, ngati ndikufunafuna. Bukuli ndikulidziwa mzere uliwonse. Tsamba limenelo mulibe. Chimene ndinalemba n'chakuti mtovu ukawononga ubongo wa mwana, zowonongekazo sizibwerera. Ndinachibwereza m'mitu yosiyanasiyana, kuti a ku unduna asachiphonye.

Ndati ndiyambe ndatereka tiyi. Ndili kukhitchini tsopano, ndikulemba chiimire. Pawindo ndikuwaona. Wakhala pa sitepe, Kachiwala pamwendo, akumukoka khutu, iye wangomuleka. Mlamu ndi khanda pa mpando. Akundidikira.

Kumunamiza ayi. Si mwana.

Chakumapeto kuli kandime ka zimene zimathandizako: chakudya chabwino, nyumba yopanda fumbi, kumulankhula mwana tsiku ndi tsiku ngakhale asayankhe, mphunzitsi woleza mtima. Mkonzi ankafuna kukachotsa, ati n'kopanda manambala. Theka la tsamba lokha.

Madzi awira. Ndiwerenga pang'onopang'ono.